Garopa wa Atsibweni

Atsibweni Zhuwaki adatulukira ku Marka pa njinga yobwereka,
thumba la saka kumbuyo, ndevu zili mbuu,
atatha zaka khumi ndi ziwiri pa boti la eni ake
ku zilumba za kuseri kwa Beira,
kumene madzi, akuti, sungamwe ngakhale ludzu likupha.

M'thumbamo munali wailesi yakufa, malaya awiri
ndi chibwano cha nsomba.
Mutu wanga wonse udalowamo.
Ndinali ndisanayambe kutunga madzi ndi ndowa yaikulu.

Uyu ndi garopa, adatero.
Sathamanga ngati mcheni, sadzikwirira m'thope ngati dowe.
Amasankha phanga limodzi pansi pa miyala yamaluwa
n'kukhala pakhomo,
mlomo uli wewe ngati wa munthu wokana ngongole,
mawanga thupi lonse, ungati nkhanga yagwera m'madzi.
Kansomba kakadutsa saluma ayi.
Amangoyasamula,
madzi n'kulowa, kansomba n'kulowa nawo.

Asodzi a ku dambo la Ndindi ankaseka akusoka maukonde:
Iwe Zhuwaki, nsomba yolemera kuposa thumba la mapira?
Kachasu wa ku Beira amatcheza ndi chiyani?
Koma chidawagwetsa pansi ndi ichi:
akuti garopa amabadwa wamkazi,
ndipo mbedza ikachotsa tonde wa pamiyalapo
mkazi wokhwima amasanduka,
pang'onopang'ono, popanda sing'anga,
n'kutenga phanga.
Adawatcha Bodzalamchere mpaka tsiku la maliro awo.

Chibwano chija chidapita ndi madzi a mu Januwale
pamodzi ndi mbuzi, chitseko ndi makadi a kusikelo.
Shire adachilandira, adapatsira Zambezi.
Mwina chidafika kwawo. Sindikudziwa.

Chaka chomwecho bambo a Minyala adati akukadula nzimbe ku Nchalo.
Nzimbe zidadulidwa, zidaphuka, zidadulidwanso.
Foni yawo imayankha ndi mzimayi wa kampani
wonena kuti ndiyesenso nthawi ina.
Adandisiyira ana atatu, nkhafi yong'aluka
ndi bwato lomwe lidagona padooko miyezi iwiri
namasupuni atalizinga ngati anamfedwa.

Ndidalikankha ndekha Lachinayi, kusanache,
udzudzu ukundiimbira m'khutu.
Amayi a pamjigo adati mkazi m'bwato, nsomba zithawa.
Sizidathawe.
Makakana asanu ndi awiri, mlamba umodzi,
ndi nkhonokono yomwe idalira m'manja mwanga
mpaka ndidaibweza.

Ndevu sindidamere.
Koma matuza adauma n'kukhala chikopa,
mawu adakula pokalipira mvuu,
ndipo denga likadontha ana sayang'ananso kumsewu.
Pamsonkhano wa asodzi amandipatsa mpando,
wothyoka mwendo, komabe mpando.

Dzulo ku msika wa Bangula, dzuwa likuwotcha malata,
mnyamata wa karapau ankakupiza ntchentche pa katoni yonyowa.
Ndidanunkhiza. Fungo la malaya a atsibweni.
Ndidamufunsa ngati kumene amapikula nsombazi
adamvako za garopa.
Adapukuta chala pa buluku, adasisita foni yake,
nandionetsa kudzera m'galasi losweka:

madzi obiriwira amene sindidzawaona,
phanga,
mawanga a nkhanga,
diso losaphethira,
ndi mlomo uja, wolemera, wosapempha kanthu kwa munthu.

Mukumudziwa, mayi? adafunsa.

Ndidafuna kunena za asodzi a ku Ndindi,
kuti theka lawo adagona kale
osabweza dzina limene adapatsa munthu wonena zoona.
Ndidafuna kunena kuti mlomowo ndauona m'mawa uno
nditawerama kukoka ukonde,
madzi asanagwedezeke.

Ndidangoti ndi wachibale.
Ndidasenza dengu langa,
chifukwa makakana sadikira nkhani
ndipo Minyala ankafuna ya mayeso pofika Lolemba.